Gule wamkulu ndi kamera: kuchokera ku mapanga a Chongoni mpaka ku Kelvin

Anthu oyamba kujambula zilombo za gule wamkulu adalibe kamera. Adali ndi dothi loyera ndi zala zawo, ndipo ankajambula pathanthwe. M'mapiri a Chongoni ku Dedza muli malo 127 a zithunzi za pamwala, amene bungwe la UNESCO lidawalemba m'kaundula wa malo ofunika padziko lonse mu 2006. Zithunzi zofiira n'zakale kwambiri ndipo anthu amati n'za Akafula. Zoyera n'za alimi, makolo a Achewa, ndipo zina mwa izo zimaonetsa nyama zokhala ngati zoluka, zofanana ndi zilombo zikuluzikulu zimene zimatuluka usiku pamaliro. Ojambulawo sankajambula m'mbali mwa njira. Ankasankha mapanga obisika, kumene wosameta sangafikeko mwangozi. Chiyambire, chithunzi cha gule chakhala chikuyenda ndi funso lakuti ndani akuloledwa kuchiona, ndipo funso lomweli ndi limene lavutitsa aliyense wobwera ndi kamera m'zaka zotsatira.

Mbiri yapakamwa imati Amaravi adachokera ku Uluwa, m'dziko la Aluba ku Congo, nayenda zaka zambiri mpaka Kalonga adakhazika likulu lake ku Mankhamba, kufupi ndi Mtakataka. Pambuyo pake Undi adapatuka n'kukamanga ku Mano, m'dera limene lero ndi chigawo cha Tete. Za chiyambi cha gule akuluakulu amasimba mosiyana. Ena amati adayamba m'chaka cha njala, amuna atapeza njira yopemphera chakudya kwa amayi popanda kuzindikirika. Ena amabwerera ku Kaphirintiwa, kumene munthu atapeka moto nyama zidathawa, Chauta n'kukwera kumwamba, ndipo amati pabwalo la gule ndi pamene anthu, nyama ndi mizimu zimakumananso. Chimene onse amagwirizana n'chakuti gule ndi wa maliro, chinamwali ndi kulonga mafumu, ndipo ali ndi malo ake awiri: bwalo, pamene aliyense amaonera, ndi dambwe, kumene safikako wamba.

Angoni atalowa m'dziko, kenako amishoni, gule sadagonje. A Dutch Reformed adafika ku Mvera mu 1889, ansembe a White Fathers ku Mua mu 1902, ndipo m'zaka za m'ma 1920 mkangano wa sukulu za mishoni ndi eni madambwe udafika poipa. Gule adayankha mwa njira yake. Pabwalo padatuluka Simoni wa nkhope yofiira ngati mzungu wopsa ndi dzuwa, padatuluka Maliya, ndipo m'kupita kwa nthawi padatulukanso galimoto ndi ndege. Chilichonse chachilendo chimene chidalowa m'mudzi, gule adachiyang'anitsitsa, n'kuchivina pamaso pa anthu. Azungu asanayambe kujambula gule, gule adali atawajambula kale.

Chimene chidatulutsa gule m'midzi yake ndi msonkho. Boma la atsamunda litaika msonkho wa nyumba m'zaka za m'ma 1890, amuna a ku Nyasaland adayamba kulondola kumene kudali ndalama. Ambiri ankayenda wapansi kudzera ku Tete, kuoloka Zambezi, kulowera ku Mutoko mpaka ku Salisbury, ali ndi kamtolo ka ufa ndi kampoto pamsana. Ena adalembedwa ndi Rhodesia Native Labour Bureau, bungwe la mu 1903 limene anthu ankalitcha chibalo chifukwa cha nkhanza zake. Pambuyo pake kudabwera malole a Ulere, kenako bungwe lolemba anthu ntchito la Mthandizi. Komiti imene boma la Nyasaland lidaika mu 1935 idapeza kuti amuna pafupifupi 120,000 adali kunja kwa dziko. Ena ankabwerako ndi njinga, bulangete ndi sutikesi yachitsulo. Ena sadabwerenso, ndipo kumudzi ankangowatchula kuti matchona.

Bulawayo idali imodzi mwa mizinda imene idawameza. Tauni ya azungu idamangidwa mu 1894, njanji n'kufika mu 1897, ndipo kuyambira pamenepo Bulawayo idakhala likulu la sitima zapamtunda. Anyasa adalowa ntchito kunjanji, m'makhitchini a azungu, m'migodi yozungulira, ndiponso ku malasha ku Wankie. Clements Kadalie wa ku Chifira adadutsa m'menemu asanakayambitse bungwe la apantchito la ICU ku Cape Town mu 1919, ndipo Robert Sambo, Mnyasa mnzake, adathamangitsidwa m'dziko la Rhodesia mu 1927 chifukwa chodzala bungwe lomwelo ku Bulawayo. Sitiraka yaikulu ya ogwira ntchito kunjanji mu Okutobala 1945 idayambira mumzinda womwewu.

Amuna amenewa sadanyamule makasu okha. M'makomboni a migodi ndi m'mafamu a fodya, pamene Achewa adachulukana, adapatula malo kutchire, nasema ng'oma, nayamba kuika anzawo m'manda monga kwawo. Mwamuna womwalira kutali ndi mbumba yake amafunikabe womuperekeza, ndipo gule, pamodzi ndi mabungwe a maliro, ndiye adagwira ntchitoyo. Ayao adabwera ndi beni ndi mizikiti, a mpingo adabwera ndi nyimbo za ku Nkhoma, ndipo kuyambira 1912 adali ndi mbusa wawo ku Salisbury, chiyambi cha sinodi ya CCAP ya Harare. Eni dziko adatcha ovinawo zvigure, ena akuwaopa, ena akuthamangira kukaonera. Mabwana a migodi ankalola magule Lamulungu masana poganiza kuti antchito akavina saganiza za malipiro.

Kamera idafika m'dera lino ili m'manja mwa boma ndi amishoni. Pakati pa 1935 ndi 1937, gulu la Bantu Educational Kinema Experiment lidayenda ndi mafilimu ophunzitsa m'maiko a Tanganyika, Kenya, Uganda, Northern Rhodesia ndi Nyasaland. Ntchito yeniyeni idayamba mu 1948, pamene Central African Film Unit idakhazikitsidwa ku Salisbury kuti izipangira mafilimu anthu akuda a maiko atatu a Southern Rhodesia, Northern Rhodesia ndi Nyasaland, Alan Izod ali mkulu wake, Stephen Peet ali wojambula. Pofika 1963 idali itapanga mafilimu oposa 600.

Amene adaonerako ali ana amakumbukira mmene zinkakhalira. Galimoto inkafika masana fumbi lili koboo, ana ali pambuyo. Anyamata ankazika mitengo iwiri n'kumangapo chinsalu choyera, ndipo dzuwa likangolowa injini ya magetsi inkayamba kulira. Mafilimu oyambirira adalibe mawu, choncho pambali pa chinsalu pankaima womasulira ndi chimkuzamawu, akufotokoza m'chinenero cha anthu a pamalopo, nthawi zina akuthirako zake kuti anthu aseke. Nkhani zake zinkangofanana. Mu The Two Farmers, mlimi womvera mlangizi amakolola, mnzake wosamva n'kugona ndi njala. Mu Mulenga Goes to Town, mnyamata wa kumudzi amapita m'tauni n'kukaona zakuda. Uthenga wake udali umodzi: mverani boma, limani mmene mwauzidwira, khalani kumudzi. M'makomboni a Bulawayo, kumene anthu ankaonera kanema ku Stanley Hall ku Makokoba, achinyamata ankakonda mafilimu a makauboyi kuposa maphunzirowa, ndipo n'zosadabwitsa, pakuti munthu amene wayenda wapansi kuchoka ku Dedza sangamve za filimu yomuuza kuti tauni si yake.

Magule akaoneka m'mafilimu a nthawi imeneyo, makamaka m'nkhani za pakanema zotamanda chitaganya cha Rhodesia ndi Nyasaland cha 1953, ankaoneka ngati zokometsera, mphindi yochepa bwanamkubwa asanayambe kulankhula. Wovina sankafunsidwa dzina la chilombo, woimba sankafunsidwa tanthauzo la nyimbo. Chomvetsa chisoni n'chakuti luso lofunsa lidalipo. Stephen Peet yemweyo atabwerera kwawo adayambitsa pulogalamu ya Yesterday's Witness pa BBC mu 1969, mmene nkhalamba wamba za ku Britain zinkakhala pamaso pa kamera n'kusimba moyo wawo ndi pakamwa pawo. Matchona a ku Rhodesia adali ndi nkhani zoposa pamenepo, koma ntchito ya Film Unit idali yowalangiza, osati yowamvetsera.

Nkhondo yachiwiri itatha, mafakitale a Bulawayo adachuluka kwambiri: nsalu, nsapato, zitsulo, matayala, nyama ya m'zitini. Belmont, Steeldale ndi Donnington atadzaza, mzinda udatambasukira kumadzulo, ndipo m'kupita kwa zaka dera la Kelvin lidakhala la mafakitale ndi mashopu a amisiri, pakati pa makomboni a anthu akuda. Ku Kelvin anthu amagwirako ntchito, kugona amagona kwina: ku Mpopoma, Tshabalala, Nketa, Nkulumane, ndiponso ku Sizinda ndi Matshobana, makomboni a anthu a kunjanji kumene mabanja ochokera ku Malawi, Zambia ndi Mozambique adachuluka. M'mawa njinga zinkatsetsereka m'misewu ya Kelvin mazanamazana, ndipo pakati pa okwerawo padali a Phiri, a Banda, a Mwale ndi a Mbewe amene kuntchito ankalankhula Chindebele, kunyumba Chichewa. Loweruka ndi Lamulungu, kapena kukagwa maliro, ng'oma zinkamveka cha ku Sizinda.

Kumadzulo komweko kuli ndende ya Khami, kumene boma la chitaganya lidatsekera andale ambiri a ku Nyasaland mu 1959, Kamuzu Banda ali ku Gwelo. Mmodzi mwa omangidwawo adali mnyamata wa sukulu ya Inyati, Aleke Banda, amene adakulira ku Rhodesia ndipo adathamangitsidwira ku Nyasaland. Patangopita zaka zochepa adakhala mkulu wa wailesi ya MBC.

Apa njira za maiko awiriwa zidasiyana. Rhodesia idatsegula wailesi ya kanema mu 1960, Bulawayo n'kulandira yake chaka chotsatira, koma idali ya azungu. Malawi idalandira ufulu mu 1964, ndipo Kamuzu adakweza gule kufika naye pabwalo la zisangalalo za dziko, koma wailesi ya kanema sadailole, ndipo lamulo la 1968 lidapatsa boma mphamvu younika filimu iliyonse. Amalawi adadikira mpaka pa 1 Epulo 1999 kuti aone Television Malawi. Zotsatira zake n'zakuti kwa zaka zoposa 30, amene adali ndi gule adalibe kamera, ndipo ambiri mwa amene adali ndi kamera adali alendo.

Alendowo sadali ofanana, ndipo ena a iwo tiyenera kuwathokoza. Hugh Tracey adayenda ndi makina ojambulira mawu ku Nyasaland mu 1950, 1957 ndi 1958, ndipo nyimbo zimene adajambula zikusungidwa mpaka lero ku International Library of African Music ku South Africa. Gerhard Kubik wa ku Austria adakumana ndi Daniel ndi Donald Kachamba mu 1967 n'kuwajambula pafilimu, ndipo ubale umenewo udabala ntchito ya Moya Aliya Malamusi, amene mu 1989 adayambitsa malo osungirako nyimbo, nthano ndi zithunzi kwawo ku Chileka. Wansembe Claude Boucher wa ku Canada, amene Achewa adamupatsa mfunda wa Chisale, adafika mu 1967 n'kutsegula Kungoni ku Mua mu 1976, pamalo pomwe ansembe akale ankalimbana ndi gule. Kwa zaka makumi angapo adayenda m'mabwalo, akulemba nyimbo ndi kujambula zilombo, ndipo nyumba ya Chamare ili ndi nkhope za gule zoposa 400. Buku lake lalikulu lidatuluka mu 2012.

Mlendo wina adachokera kutali kwambiri. Kenji Yoshida wa ku Japan adafika pakati pa Achewa a kum'mawa kwa Zambia mu 1984 kudzaphunzira za nyau. Akuluakulu sadamutsegulire msanga. Adakhala m'mudzi, nadya nsima ya pamenepo, nayenda pamaliro, mpaka eni ake adakhutira n'kumulowetsa. Kuona maso a nkhono n'kudekha. Zimene adalemba mu 1992 ndi 1993 zikukamba za chinsinsi chenichenicho, chifukwa chake chilipo ndi mmene chimamangira mudzi, ndipo wakhala akubwerera ku Zambia kwa zaka zambiri. Mu 2017 adakhala mkulu wa National Museum of Ethnology ku Osaka.

Kudekha kotereku kuli ndi mizu kwawo ku Japan. Moto utabuka m'kachisi wakale wa Horyuji mu 1949, dziko la Japan lidakhazikitsa lamulo mu 1950 loteteza chuma cha makolo, ndipo lidawerengera m'chumacho zinthu zosagwirika ndi manja: magule, zisudzo, luso la mmisiri. Kuchokera m'maganizo amenewa mudatuluka anthu amene moyo wawo wonse udathera pojambula miyambo. Wodziwika kwambiri ndi Himeda Tadayoshi, amene adabadwa mu 1928 n'kumwalira mu 2013. Iye adaphunzira kuyenda m'midzi kwa Miyamoto Tsuneichi, katswiri wa miyambo ya anthu wamba, ndipo mu 1976 adakhazikitsa bungwe lake lojambula miyambo, limene lidapanga mafilimu oposa 100. Ku Nibutani, pachilumba cha Hokkaido, adagwira ntchito ndi Kayano Shigeru, mkulu wa mtundu wa Ainu, anthu amene boma lawo lidawapondereza kwa zaka zambiri. Adajambula ukwati wa Chiainu mu 1971, kamangidwe ka nyumba yawo mu 1974, ndi Iyomante, mwambo woperekeza mzimu wa chimbalangondo, mu 1977. Mwini mwambo ndiye ankanena choyenera kuchitika, wa kamera n'kumatsatira.

Ntchito yake yokhudza mtima kwambiri ndi ya mudzi wa Okumiomote m'mapiri a Niigata, mudzi wa mabanja oposa 40 umene udayenera kumira chifukwa cha damu. Himeda ndi anzake adayendera mudziwo kwa zaka zinayi, akujambula ulimi, ulenje, kusema bwato ndi mapemphero a pachaka, ndipo filimuyo idatuluka mu 1984. Chaka chotsatira anthu adasamuka. Mudziwo lero uli pansi pa madzi, koma zidzukulu zake zikhoza kuona agogo awo akugwira ntchito ndi kumva mawu awo. Mayi wina, Haneda Sumiko, adachita chimodzimodzi ndi gule wa kagura wa m'midzi ya m'tsinde mwa phiri la Hayachine mu filimu yake ya 1982.  Chimene anthuwa adasiya ndi njira yawo: kupempha, kukhalitsa, kubwereranso, ndi kukaonetsa filimu kwa eni ake.

Ku Zimbabwe, ufulu wa 1980 udapeza ana a matchona atakhazikika. Ena adali atataya makolo pangozi ya mgodi wa Wankie ya pa 6 Juni 1972, imene idapha anthu 427. Gule adapitirira m'migodi, m'mafamu ndi m'makomboni, ndipo magulu ake ankapikisana nawo pa Chibuku Neshamwari, mpikisano wa magule umene udayamba mu 1963. Mphamvu ya gule wa ku Zimbabwe imaoneka pa nkhani ya Douglas Curran, wojambula zithunzi wa ku Canada. Iye adabwera ku Zimbabwe mu 1992 kudzagwira ntchito pa filimu ina, ndipo kumeneko ndi kumene adakumana ndi Achewa a m'mafamu ndi m'migodi n'kuona nyau koyamba. Iwo ndiwo adamulozera njira ya ku Malawi, kumene adajambula kwa zaka pafupifupi khumi, ntchito imene idatuluka ndi dzina lakuti The Elephant Has Four Hearts. Khomo lidatsegukira ku Zimbabwe, ngakhale zithunzi zambiri zidakajambulidwa kumudzi.

Nthawi yomweyo nthaka idayamba kugwedezeka. Ndondomeko ya chuma ya ESAP ya 1991 idagwetsa mafakitale ambiri a Bulawayo, ndipo mavuto a zaka za m'ma 2000 adatsiriza otsala. Ku Kelvin ndi ku Belmont nyumba zina za makina zidasanduka matchalitchi, zina zidagawidwa tizipinda ta owotcherera zitsulo, akalipentala ndi okonza galimoto. Kulanda mafamu kwa mu 2000 kudabalalitsa antchito zikwizikwi, ambiri a iwo zidzukulu za Amalawi, ndipo famu ikabalalika dambwe lake limabalalikanso. Pulezidenti Robert Mugabe adanyoza anthu a ku Mbare kuti alibe mitupo, kutanthauza mifunda, ndipo aliyense adadziwa amene akunenedwa. Lamulo la unzika la 2001 lidalamula obadwa kwa makolo akunja kuti akane unzika wa dziko limene ambiri sadalipondepo, ndipo olephera kutero adatsala ndi zitupa za alendo, osaloledwa kuvota. Mu Meyi 2005 ntchito ya boma yotchedwa Murambatsvina idagwetsa nyumba ndi misika m'matauni, anthu n'kuuzidwa kuti abwerere kumidzi kwawo. Mdzukulu wa mtchona wobadwira ku Sizinda adalibe mudzi wobwererako.

Chaka chomwecho, pa 25 Novembala 2005, mkulu wa UNESCO Koichiro Matsuura, nayenso wa ku Japan, adalengeza miyambo 43 kuti ndi chuma cha anthu onse. Pamndandandawo padali gule wamkulu, vimbuza, makishi a ku Zambia, timbila za Achopi a ku Mozambique, mbende jerusarema wa ku Zimbabwe, ndi zisudzo za kabuki za ku Japan. Gule ndi kabuki adalemekezedwa tsiku limodzi, ndipo mu 2008 onse adalowa m'kaundula wamkulu. Ndalama zothandizira kuteteza ndi kulemba za gule pambuyo pake zidachokera ku thumba la boma la Japan kudzera ku UNESCO. Koma chikalatacho chimatchula maiko atatu: Malawi, Mozambique ndi Zambia. Zimbabwe, kumene gule wavinidwa kwa zaka pafupifupi 100, mulibe. Gule adapatsidwa ulemu wa dziko lonse m'chaka chimene ambiri mwa ovina ake a ku Bulawayo ndi Harare adalibe chitupa chowavomereza kuti ndi nzika za kulikonse.

Zinthu zidasinthako mu 2013. Malamulo atsopano a Zimbabwe adavomereza kuti wobadwira m'dzikomo kwa kholo lochokera m'maiko a SADC ndi nzika, ndipo Chichewa chidalembedwa pakati pa zinenero 16 zovomerezeka. Papepala nkhani idatha, ngakhale mabanja ambiri akuvutikabe kupeza zikalata za kubadwa chifukwa agogo awo adalibe. Ana a matchona adziwika m'zambiri: Alick Macheso ndi Nicholas Zakaria adaimba Chichewa m'nyimbo za sungura, ndipo Benjani Mwaruwari, mwana wa ku Bulawayo, adasewera mpira ku Portsmouth ndi Manchester City. Shemu Joyah, amene adapanga Seasons of a Life, The Last Fishing Boat ndi The Road to Sunrise, n'kukweza dzina la Malawi pa nkhani ya mafilimu, adabadwira ku Zimbabwe.

Bulawayo payokha si yachilendo ku kamera. Cont Mhlanga, amene adamwalira mu 2022, adaphunzitsa achinyamata ambiri zisudzo ndi kanema ku Amakhosi, ku Makokoba. Filimu ya Music by Prudence, yosimba za Prudence Mabhena ndi anzake olumala a pasukulu ya King George VI, idapata mphotho ya Oscar mu 2010. Nkhani ya mumzinda womwewu, yojambulidwa modekha, idafika pamwamba penipeni. Gule nayenso adaonekera kwa anthu mamiliyoni mu 2019 mu The Boy Who Harnessed the Wind, filimu ya Chiwetel Ejiofor yojambulidwa ku Kasungu, mmene zilombo zimabwera pamaliro monga zimachitira kumudzi.

Lero kamera ili m'thumba la aliyense. Wowotcherera zitsulo ku Kelvin North akhoza kuonera Kulamba wa ku Mkaika pafoni yake tsiku lomwelo la mwambo, kumapeto kwa Ogasiti, mafumu a maiko atatu akugwada pamaso pa Kalonga Gawa Undi. Gule akatuluka m'komboni, mafoni amakwera m'mwamba ng'oma isanakhazikike, ndipo pofika madzulo kanemayo ali pa WhatsApp, Facebook ndi TikTok, akuoneredwa ku Johannesburg ndi ku Lilongwe. Ubwino wake ulipo: mwana wobadwira kunja akuona za kwawo, ndipo mabwalo a ku Zimbabwe akuphunzira nyimbo zatsopano za ku Dowa ndi Mchinji. Koma foni siipempha. Imajambula chilombo chikupumula, imatsatira kumene siyenera kufika, imadula masekondi 30 a kapoli akuthamangitsa anthu n'kusiya maliro onse amene adamutulutsa. Woonera amene sadziwa kanthu amatsala ndi chithunzi chomwe chija cha zvigure zoopsa, chimene nyuzi zakhala zikulemba kwa zaka zambiri. Mafumu a Achewa akhala akudandaula za gule wovinidwa pamisonkhano ya ndale ndi pamalo a malonda, ndipo kanema wa pafoni wakulitsa dandaulolo.

Wojambula wofuna kuchita bwino ayenera kuyambira kwa mwini bwalo ndi atsabwalo, ndi kuvomera kuti kamera yake ithera pabwalo. Sataya kanthu potero, chifukwa zapabwalo n'zochuluka. Pali woimba mbalule, amene maso ake sachoka pamapazi a chilombo, ng'oma ikulankhula ndi mwendo uliwonse. Pali amayi oombera m'manja ndi kuvomera nyimbo, amene popanda iwo gule sangavinike, koma makanema ambiri amangowadutsa. Pali fumbi limene limakwera makanja akalowa, ndi phokoso limene limazima kasiyamaliro akamayandikira nyumba ya siwa. Ndipo kuseri kwa bwalo kuli agogo a ku Sizinda, Mpopoma ndi Matshobana amene akukumbukira lole ya Ulere, nambala ya chitupa chawo, dzina la mfumu ya kwawo, ndi belu la fakitale ya ku Kelvin imene idatsekedwa. Akatswiri monga Anusa Daimon, mdzukulu wa Amalawi a ku Zimbabwe, ndi Zoë Groves, amene buku lake la matchona lidatuluka mu 2020, adalemba mbiri imeneyi m'mabuku a Chingerezi. Agogowo sangawerenge mabukuwo, ndipo buku silisunga mawu a munthu kapena kagwedezedwe ka mutu wake akamatchula mudzi umene adausiya ali mnyamata. Mudzi wa Okumiomote udamira ndi madzi tsiku lodziwika. Mudzi wa matchona ukutha ndi maliro, mmodzimmodzi.

Malawi ndi Zimbabwe adapereka limodzi luso la mbira ndi sansi ku UNESCO, ndipo mu 2020 lidalandiridwa m'dzina la maiko onse awiri. Njira yomweyo ilipo yoti Zimbabwe iwonjezedwe pa chikalata cha gule wamkulu, koma pempho lotere limafuna umboni: mayina a mabwalo, chilolezo cha eni ake, zithunzi ndi kanema. Achinyamata a mabanja a Phiri ndi Banda amene mukugwira ntchito ku Kelvin, foni muli nayo kale, chinenero mukuchimva, ndipo akuluakulu a bwalo ndi amalume anu. Pitani mukapemphe chilolezo, mukhazike agogo pampando, muwajambule akusimba mpaka atatopa okha, ndipo kanemayo musiye wina m'banjamo, wina mukasungitse ku National Archives.